Mbwezadzulo ndi Mlendo wa Nachanza

Ndaphunzitsa ana zaka zambiri, ndipo chaka chilichonse m'nyengo yachisanu ndimakangana nawo pa nkhani ya mame. Amafika m'kalasi miyendo itanyowa, mano akugundana, n'kumatukwana udzu wa m'njira ngati unawabera kanthu. Ine ndimawaletsa, ndimati musatukwane mame pamene simudziwa kumene amachokera. Akaseka, ndimatseka buku la masamu n'kuwafotokozera nkhani iyi. Inunso mukhoza kuseka, koma muyambe mwamva kaye.

Mukalawira m'mamawa n'kuyang'ana kum'mawa, mumaona nyenyezi yowala kuposa zinzake, ija timati Nthanda. Akuti kuseri kwa nyenyezi imeneyo kuli dziko lopanda dothi. Kulibe phiri, kulibe chulu, kulibe ngakhale poti nkhuku n'kupalasa. Konseko ndi madzi okhaokha. Koma madzi akumeneko si otunga n'kumwa ayi, madzi akumeneko ndi masiku. Mtsinje wake umachokera ku mawa, umadutsa pa lero, n'kukathira m'nyanja ya dzulo. Chilichonse chimene chinachitikapo pansi pano chimakamira m'nyanja imeneyo n'kukhala pansi, monga umakhalira mchenga pansi pa dziwe.

M'madzimo mumakhala zamoyo zotchedwa mbwezadzulo. Si nsomba, ngakhale zili ndi zipsepse. Thupi lake limaonekera mkati ngati mazira a chule, maso zili nawo kutsogolo ndi kumbuyo komwe, ndipo pamsana pake pali mizere, mzere umodzi chaka chimodzi. Zikuluzikulu zimaposa bwato. Chakudya chake ndi nthawi imene anthufe timataya, ndiye musadabwe kumva kuti n'zonenepa kwambiri. M'dziko lonselo ndi zokhazi zimene zimatha kumira mpaka pansi pa dzulo, kutola kanthu, n'kusambira nako mokwera mtsinje mpaka kufika pa lero.

Mbwezadzulo zikamasewera, madzi amawazika, ndipo timadontho take timagwa mpaka kuno kwathu. Timadontho timeneto ndiwo mame. Nthawi zina kamwana ka mbwezadzulo kamagwera limodzi ndi dontho, ndipo kamayenera kubwerera kwawo mame asanakamuke. Kakachedwa, kamaumira pomwepo.

Tsono kale, pamudzi wina wa m'mphepete mwa dambo, panali mayi woumba mbiya, dzina lake Nachanza. Mbiya zake zinkadziwika mpaka kutsidya kwa mtsinje, chifukwa mayiyu sankalola chinthu chokhota. Mbiya ikapendekeka pang'ono pakamwa, ankaiphwanya n'kuyambiranso, ngakhale ogula atamupempha kuti awapatse yomweyo. Mwamuna wake Kamtedza anali munthu wofatsa, woluka malichero, wolankhula kamodzi pamene ena alankhula kakhumi. Nachanza analinso ndi mlongo mmodzi yekha, wamkulu kwa iye, dzina lake Dzoole, amene ankayenda ndi makasu kumidzi yakutali kukasinthanitsa ndi mchere.

Chaka china mayi awo anadwala Dzoole ali paulendo. Anatumiza uthenga, koma sanabwere. Mayi aja anamwalira, anaikidwa, anthu anameta, Dzoole osaoneka. Anatulukira patapita miyezi iwiri, mvula ili pakati, atawonda, phukusi lili paphewa. Anaima pabwalo n'kuodira.

Nachanza anali pakhonde akusalaza mbiya. Sanatukule mutu.

"Mukufuna yani?" anafunsa.

"Ndine, Nachanza. Ndine mlongo wako."

"Ine ndilibe mlongo. Ndikadakhala naye akadabwera kudzaponya dothi m'manda a mayi ake. Inu ndinu mlendo, ndipo mlendo akapeza kuti pakhomo palibe malo, amapitirira."

 Dzoole anakonza phukusi lake paphewa n'kubwerera njira imene anadzera. Tsiku limenelo mtsinje unali utadzaza. Mtembo wake anaupeza patapita masiku atatu, utakodwa m'bango.

Zinadutsa zaka zisanu ndi ziwiri. Nachanza sanalire mokweza, ndipo anthu ankati ndi wolimba mtima. Sanali wolimba mtima ayi. Mawu aja ankamudya usana uliwonse, moti mawu akuti mlongo anasiyiratu kutuluka pakamwa pake. Mnzake akamakamba za mlongo wake, iye ankanyamuka kuti akaone ngati mbiya zauma.

M'mawa wina wachisanu anapita kudambo kukakumba mtapo, dothi lija amaumbira mbiya. Akuwerama, anaona dontho la mame pa tsamba la koko, ndipo m'donthomo munali kanthu kochepa ngati kambewu ka mpunga, kakuphiriphitha. Dzuwa linali litakwera kale, dontho likuchepa iye akuona. Nachanza sanadziwe kuti n'chiyani, koma sankakonda kuona chinthu chikutha moipa. Anathothola tsambalo mosamala, natsanulira dontholo m'kamphika katsopano kamene anatenga kuti amwere madzi. Kenaka anayenda m'mithunzi akugwedezera mame a pa udzu m'kamphikamo mpaka pansi pake panaphimbika. Anakavundikira ndi tsamba, nakaika m'nyumba kuseri kwa mtsuko, pamalo pozizira.

M'mawa mwake, Nthanda isanazime, anatulutsa kamphika kaja n'kukavundukula pa udzu. Kanalira kokha, ngati mmene imalirira mbiya yopsa bwino ukaigogoda ndi chala, ndipo m'kuliramo munali mawu.

"Mayi, mwandisunga tsiku lathunthu m'dziko louma. Ine ndine mwana wa mbwezadzulo, kwathu timasambira mpaka ku dzulo. Kodi munataya chiyani kumeneko, kuti makolo anga akakutolereni?"

Nachanza anakhala pansi pa udzu wonyowa osazindikira n'komwe. Sanaganize za mikanda imene inatayika, kapena mbuzi zimene fisi anagwira.

"Munthu mungamutole?" anafunsa.

"Tingamutole. Ndani?"

Anayesa kutchula mawu akuti mlongo, koma anamukanira. "Munthu wina," anatero, "dzina lake Dzoole. Mukamutenge pa tsiku limene anaima pabwalo panga ndi phukusi."

"Mawa m'mamawa adzaima pomwepo. Koma mvetsetsani, mayi. Njira yathu ndi mame. Mame a pabwalo panu akakamuka, madzi adzamutenganso. Ndipo munthu mmodzi savuulidwa kawiri."

Kamphika kanasiya kulira. Atasuzumiramo anapeza mame okhaokha.

Tsiku lonselo Nachanza sanakhale pansi. Anasesa pabwalo kawiri, anazira khonde, anachapa mphasa yatsopano n'kuiyanika. Anasankha tambala woyera, wamkulu kuposa onse m'khola. Anakonzeratu m'mutu mwake mmene zidzayendere. Adzaphika tambalayo, adzaika nthutumba pamwamba penipeni pa mbale, popeza nthutumba amapatsa munthu wolemekezeka pakhomo, adzagwada pamaso pa Dzoole, ndipo adzati, "Idyani, mlongo wanga." Ankafuna kuti mawu amenewo atuluke pa nthawi yake, ali osalala ngati mbiya zake.

Kamtedza atamva zonse, anaika pansi lichero limene ankaluka.

"Amayi," anatero, "mukangowaona alamu, nenani zimene zili mumtima mwanu. Nkhuku idzabwera pambuyo."

"Ndiwalandire pakamwa pouma ngati wamisala? Munthu wochokera kutali chotero?"

"Ndiye iphani lero nkhukuyo, igone yophikaphika."

"Abambo inu, munakulira kuti? Nkhuku ya mlendo amayamba aionetsa yamoyo, aone yekha kuti sitinamupatse yofa ndi chitopa."

"Nanga mame?"

Nachanza analoza mitsuko itatu imene anali atadzaza kuchitsime. "Akayamba kuuma ndidzawaza awa. Madzi ndi madzi."

Kamtedza anatola lichero lake. Anali atalankhula kale katatu, ndipo kwa iye amenewo anali mawu a mlungu wathunthu.

Kunja kutangoyera, udzu uli mbuu ndi mame, kunamveka mawu pabwalo.

"Odi kuno!"

Nachanza anatuluka. Dzoole anali ataima pomwe paja, phukusi lomwe lija paphewa, nsalu yake ikudontha. Zaka zisanu ndi ziwiri zija sizinamukhudze, moti tsopano mlongo wamng'ono ndiye anali ndi imvi. Nachanza anaona mapazi, anaona nsalu, anaona phukusi, koma maso ake sanakwere kupitirira pachifuwa. Anagwada chapatali n'kuomba m'manja.

"Takulandirani, alendo athu."

Mawuwo anatuluka okha, monga amatulukira kwa wina aliyense wofika pakhomo. Atawamva m'makutu mwake anafuna kuwameza, koma anadziuza kuti palibe kanthu, adzawakonza ndi nthutumba. Anayala mphasa pansi pa msuku, pamene mthunzi umachedwa kuchoka, ndipo Kamtedza anabwera kudzakhala ndi mlamu wake.

"Nachanza," anatero Dzoole, "takhala pansi apa. Andiuza kuti nthawi yanga ndi yochepa."

"Ndikubwera pompano. Nkhani sizithawa."

Anathamangira kukhola. Potsegula chitseko tambala uja anamupulumuka. Inu amene munathamangitsapo tambala wa kumudzi mukudziwa. Anazungulira nkhokwe, analowa m'munda wa chinangwa, anatulukira kudzala, anakwera padenga, n'kutsikira kuseri. Pamene Nachanza ankamugwira m'tchire la minga, dzuwa linali litatuluka lonse. Anabwera naye pansi pa msuku, anagwada, namuonetsa kwa mlendo, maso ali pa tambala.

"Ndamuona, ndi wabwino," anatero Dzoole. "Tsopano musiye apite, ukhale pansi."

"Ayi, zimenezo sizichitika pakhomo pano."

Kamtedza anadula tambala uja mwamsanga kuti zithe. Koma nkhuni zinali zitagona panja, zitanyowa ndi mame omwewo, ndipo zinkangofuka. Nachanza anauzira moto mpaka misozi, anatereka madzi, anasosola, anawamba, anatumbula. Atasuzumira panja anaona kuti pakati pa bwalo udzu wayamba kuuma. Anatenga mtsuko n'kuwaza madzi a kuchitsime ponseponse, mtima wake n'kukhala pansi.

Apa ndinene zoona, chifukwa ndikabisa ndikhala ngati ndikunamiza ana. Sichinali chikondi cha mwambo chokha chimene chinkamusunga kumoto mayi uja. Ankaopa. Kuthamangitsa tambala n'kosavuta, kuuzira moto n'kosavuta, koma kukhala pamphasa imodzi ndi munthu amene unamupirikitsa, n'kumuyang'ana m'maso, pamafunika mtima. Ndiye ntchito iliyonse imene inapezeka anailandira ndi manja awiri. Ndimamumvera chisoni, ndipo ndimamukwiyiranso, popeza khalidwe limeneli ndimalidziwa bwino.

Mphika uli pamoto, anamva mawu kuchokera pansi pa msuku.

"Mlongo wanga! Ngakhale madzi akumwa okha, bweretsa wekha!"

Nachanza anatunga madzi m'chikho, anayenda mpaka pakhomo, n'kuima. Nsalu yake inali ndi magazi ndi nthenga, nkhope ili ndi phulusa. Aoneke chotero? Anaitana mwamuna wake.

"Kawapatseni. Muwauze kuti patsala pang'ono."

Kamtedza analandira chikho koma sanachoke. "Amayi, mame atsala pansi pa msuku pokha."

"Simukuona kuti udzu wonse ndi wonyowa? Ndawaza."

"Amenewo ndi madzi a kuchitsime."

"Pitani mukacheze ndi alamu anu. Mukufuna ndikawapatse nyama yaiwisi?"

Tambala uja anali wokalamba, nyama yake yolimba. Nachanza anailasa ndi kamtengo, anasonkhezera moto, anailasanso. Anawaza mtsuko wachiwiri, kenaka wachitatu. Pomaliza nyama inafewa. Anapakula m'mbale yabwino kuposa zonse zimene anaumbapo, anaika nthutumba pamwamba, anasukusula kumaso, anavala nsalu ina. Zonse zinali monga mmene anakonzera.

Anadutsa pabwalo pang'onopang'ono, mbale ili m'manja awiri, maso ali pansi mwaulemu. Atafika m'mphepete mwa mphasa anagwada, anaika mbale, ndipo mawu amene anamukanira zaka zisanu ndi ziwiri anatuluka bwinobwino, osakhota pena paliponse.

"Idyani, mlongo wanga."

Panalibe woyankha.

Anatukula mutu. Pamphasa panali Kamtedza yekha. Pambali pake panali malo onyowa, pamene munthu anakhala, ndipo ankauma kuyambira m'mbali.

"Apita kuti?"

"Mame atha," anatero Kamtedza. "Pamene munkasintha nsalu paja."

Nachanza anagwira udzu wa pansi pa msuku. Unali wouma. Anayang'ana pabwalo pamene anawaza mitsuko itatu, panali matope.

"Anena chiyani?" anafunsa, mawu akumveka ngati a munthu wina.

"Anena zambiri, koma sindine amene ankafuna kumuuza. Uthenga wa matenda a mayi unawapeza atagona mumsasa kutchire, akudwala nthomba. Anakana kuti awanyamule kubwera nawo kuno, poopa kupatsira inu ndi mudzi wonse. Anadikira mpaka zilonda zitauma, ndipo anayenda asanapeze mphamvu. Kodi zipsera kumaso kwawo simunazione?"

 Nachanza sanazione. Tsiku loyamba lija maso ake anali pa mbiya, lero anali pa tambala.

Kamtedza anatambasula dzanja. M'menemo munali kamwala kakuda, kosalala, kokwana bwino m'chikhatho.

"Iyi ndi nkhulungo yosalazira mbiya. Anaitola kumtsinje wina kutali, ati atangoiona anaganiza za inu. Inali m'phukusi muja kuyambira tsiku lija. Amafuna akupatseni okha, koma ataona kuti mame atsala pang'ono anandisiyira."

"Pomaliza penipeni anati chiyani?"

Kamtedza anazengereza, koma sanali munthu wonama.

"Anandifunsa kuti, 'Alamu, kodi pakhomo pano ndikadali mlendo?' Ine ndinati dikirani, akubwera, adzakuyankhani okha. Ndiye anatembenukira kumene munkaphikira kuja, n'kudikira."

Nachanza anadzuka n'kuthamangira kudambo. Anatembenuza masamba a koko limodzilimodzi, analowa m'bango, anakwawa pansi pa zitsamba kufunafuna dontho ngakhale limodzi. Dzuwa linali pamutu, ndipo dambo lonse linali louma. Anaima pakati pa udzu n'kufuula, "Mlongo wanga! Achimwene! Sindinu mlendo!" Anafuula mpaka mawu anasasa. Amene anamumva ndi amayi awiri okha ochokera kotola nkhuni, ndipo anaima n'kumamuyang'ana modabwa.

Nkhuku ija palibe anaidya.

Chaka chilichonse chisanu chikayamba, Nachanza ankalawira kudambo ndi kamphika. Kawiri konse anapezanso tiana ta mbwezadzulo tikuuma pa tsamba, natisunga monga anachitira poyamba, napempha chinthu chomwe chija. Kawiri konse kamphika kanalira mawu amodzimodzi: munthu mmodzi savuulidwa kawiri. Tianato tinamufunsa ngati panalibe china chimene anataya ku dzulo. Anati panalibe.

Nkhulungo ija anaigwiritsa ntchito mpaka inaperepeseka. Ndipo anthu anaona kuti khalidwe lake lasintha. Munthu akaodira pakhomo pake, kaya ndi mbale, kaya ndi wongodutsa, Nachanza ankasiya mbiya ili pakati, manja ali ndi dothi, n'kukakhala naye pamphasa. Ankamuyang'ana kumaso, kumupatsa madzi ndi dzanja lake, n'kumva zimene wabwera nazo. Nkhuku ankapha ndithu, sanataye mwambo, koma inkabwera pambuyo. Mlendo wina akakhala wovuta, wodya kwambiri kapena wolongolola, amayi anzake n'kumadandaula kuti achoka liti ameneyu, iye ankawayankha mofatsa kuti, "Musiyeni. Mlendo ndi mame, sachedwa kukamuka."

Mawuwo anayenda pakamwa ndi pakamwa mpaka anafika kwa ife, ndipo lero timawanena osadziwa amene anawalirira.

Mlendo ndi mame, sachedwa kukamuka. Mwambiwu umatiuza kuti munthu amene wafika pakhomo pathu sakhalitsa. Ngati akukupanikizani pogona, pirirani, mawa mupeza mphasa ili yokhayokha. Ngati muli ndi chabwino choti mumuchitire, chitani akadalipo, ndipo muyambe ndi chimene wadzera, osati chimene chingakutamanditseni kwa anansi. Ngati muli ndi mawu oti mumuuze, musadikire kuti akhale osalala. Nenani okhota omwewo. Ndipo musaganize kuti mlendo ndi yekhayo wobwera ndi chikwama. Mayi anu ndi mlendo, mlongo wanu ndi mlendo, ngakhale mnzanu wokhala naye pa benchi limodzi uja mumalimbirana naye pensulo.

Ana ena ochenjera amandifunsa ngati mbwezadzulo ziliko ndithu. Ndimawauza kuti sindinazionepo. Koma bambo anga anabwera kudzandiona kusukulu kuno chaka china, ine n'kuwakhazika pakhonde kuti ndiyambe ndamaliza kuchonga makope. Nditatuluka ndinapeza atanyamuka kuti basi ingawasiye, ndipo sanabwerenso. Ndiye mukadzandiona m'mawa wachisanu nditawerama pa udzu, ndikusuzumira m'madontho ngati munthu wotaya singano, musandifunse chimene ndikufuna.